Mafunso a Owerenga: Thomas Reid, mbusa wa ku New Machar amene adatsutsana ndi David Hume

Mwezi uno makalata angapo afunsa za munthu mmodzi, Thomas Reid, yemwe dzina lake tidalitchula mongodutsa pamene tinkalemba za mipingo ya ku Scotland. Tasankha ena mwa mafunsowo, ndipo otalika tawafupikitsa.

FUNSO: A Mkonzi, ine ndine wophunzira za ubusa chaka chachiwiri. Aphunzitsi athu amatchula Thomas Reid kawirikawiri pa phunziro la filosofi, koma satifotokozera za moyo wake. Kodi munthuyu adali yani, ndipo zidatheka bwanji kuti mbusa wa kumudzi akhale pulofesa wotchuka? (Wophunzira, Zomba)

YANKHO: Thomas Reid adabadwa mu 1710 ku Strachan, mudzi umene uli chakumadzulo kwa mzinda wa Aberdeen, kumpoto chakummawa kwa Scotland. Bambo ake, Lewis Reid, adatumikira mpingo wa pamalopo kwa zaka 50, ndipo ubusa udali utayenda m'banjamo kwa mibadwo ingapo. Kuchikazi kudali kwa anthu a masamu. Mayi ake, Margaret, adali a banja la Gregory, limene lidatulutsa mapulofesa angapo, kuphatikizapo James Gregory yemwe adalinganiza mtundu wina wa chipangizo choonera nyenyezi. Mbali ziwirizi zidakhala mwa Reid moyo wake wonse, moti ngakhale atakalamba ankasangalalabe kukhala pansi n'kumasula masamu ovuta.

Adalowa Marischal College ku Aberdeen ali ndi zaka pafupifupi 12, monga zinkachitikira masiku amenewo, ndipo adatsiriza mu 1726. Kenaka adaphunzira zaumulungu, nalandira chilolezo cholalikira mu 1731. Kuyambira 1733 mpaka 1736 adagwira ntchito yosunga laibulale ya koleji yomweyo, ntchito imene idampatsa mpata wowerenga mwakuya. Atasiya ntchitoyo adapita kukacheza ku London, Oxford ndi Cambridge, kumene adakumana ndi Nicholas Saunderson, pulofesa wa masamu amene adali wosaona. Kukumana kumeneku kudamusiyira funso limene adadzalitola patapita zaka zambiri, loti munthu wosaona angadziwe chiyani za maonekedwe a zinthu.

Mu 1737 adadzozedwa kukhala mbusa wa mpingo wa New Machar, kumpoto kwa Aberdeen, ndipo adakhala kumeneko zaka 14. Mu 1740 adakwatira Elizabeth Reid, msuweni wake, mwana wa dokotala wina wa ku London. Chinthu choyamba chimene adasindikiza chidatuluka mu 1748, iye ali ndi zaka 38. Idali nkhani yaifupi m'magazini a Royal Society ya ku London, yotsutsa njira ya katswiri wa filosofi Francis Hutcheson yoyesa kuwerengetsa ukoma wa munthu ndi masamu. Reid ankakonda masamu, koma ankadziwanso pamene masamu amathera.

King's College ya ku Aberdeen idamusankha kukhala mphunzitsi mu 1751. Dongosolo la pakolejipo lidali loti mphunzitsi mmodzi ankatenga gulu limodzi la ophunzira n'kuyenda nalo zaka zingapo m'maphunziro onse, choncho Reid ankaphunzitsa masamu, sayansi ya zachilengedwe, kaganizidwe kolongosoka ndi za makhalidwe. Mu 1764 adatulutsa buku lake loyamba, An Inquiry into the Human Mind on the Principles of Common Sense, ndipo chaka chomwecho yunivesite ya Glasgow idamuitana kukalowa m'malo mwa Adam Smith pa mpando wa pulofesa wa filosofi ya makhalidwe. Apa n'kuti ali ndi zaka 54. Wophunzira wathu aone kuti kutchukaku sikudabwere msanga, chifukwa mafunso a m'bukumo Reid adayamba kulimbana nawo akadali m'nyumba ya mbusa ku New Machar, zaka zoposa 20 bukulo lisadatuluke.

FUNSO: Ndidamva kuti Akhristu a ku New Machar adamukana mbusayu mpaka kumuponya m'madzi. Ine monga mkulu wa mpingo zikundivuta kumvetsa kuti nkhosa zingachite zotere kwa mbusa wodzozedwa. Kodi n'zoona? (Mkulu wa mpingo, Mulanje)

YANKHO: Bambo, kukanidwako n'koona, ndipo chifukwa chake sichidali Reid mwini. Mu 1712 nyumba ya malamulo ya Britain idabwezeretsa lamulo lopatsa eni malo olemera, mafumu ndi mabungwe ena mphamvu yosankhira mpingo mbusa, ngakhale Akhristu a pamalopo asakufuna. Mphamvu yosankha mbusa wa New Machar idali m'manja mwa King's College, ndipo ndiyo idatumiza Reid. Anthu amene adazolowera chiphunzitso choti mpingo umadziitanira mbusa wake adaona ngati aponderezedwa, ndiye mkwiyo wawo udagwera mnyamata wa zaka 27 amene adafika pakhomo pawo. Nkhani imene idasungidwa pakamwa m'deralo imati adamumiza m'dziwe lomwera akavalo, ndiponso kuti pa ulaliki wake woyamba wachibale wina adaima pa makwerero a gome atasolola lupanga kuti amuteteze.

Chimene chidalembedwa bwino ndi mmene zinthu zidasinthira. Dugald Stewart, wophunzira wake amene adalemba mbiri ya moyo wake, akunena kuti kufatsa kwa Reid ndi chifundo cha mayi busa kwa odwala ndi osauka zidatembenuza mitima ya anthu, moti pambuyo pake okalamba a kumeneko ankanena kuti adamenyana naye pobwera, ndipo akadamumenyera nkhondo pochoka. Stewart akunenanso kuti Reid, podzikayikira, kwa nthawi yaitali ankawerengera mpingo maulaliki osindikizidwa a alaliki ena monga John Tillotson m'malo molalikira ake. Akulu a mpingo a masiku ano sakadachedwa kuyitanitsa msonkhano pa nkhani yotereyi, koma nthawi imeneyo sichidali chinthu chachilendo kwenikweni.

Mkangano wa kusankha abusawu ukutikhudza ife kuno. Udapitirira kwa zaka zoposa 100 mpaka mu 1843, pamene abusa oposa 450, motsogozedwa ndi Thomas Chalmers, adatuluka mu Church of Scotland n'kuyambitsa Free Church of Scotland. N'chifukwa chake amishoni a ku Scotland adafika m'dziko muno m'magulu awiri: a Livingstonia mu 1875 otumidwa ndi Free Church, ndi a Blantyre mu 1876 otumidwa ndi Church of Scotland. Magulu awiriwa ndiwo adagwirizana mu 1924 kupanga CCAP, ndipo a Nkhoma adalowa mu 1926. Lamulo limene lidazunzitsa Reid lidachotsedwa mu 1874.

FUNSO: Ndimaphunzitsa ku sekondale, ndipo ndawerengapo kuti Reid adatchuka chifukwa chotsutsa David Hume. Kodi ankakangana pa chiyani makamaka? Nanga popeza wina adali mbusa ndipo winayo ankadziwika ngati wokayika za chipembedzo, kodi adali pa udani? (Mphunzitsi, Dedza)

YANKHO: Aphunzitsi, funso lanu ndilo mutu wa nkhani yonse, choncho tikhalapo pang'ono. Kuyambira nthawi ya René Descartes ndi John Locke, akatswiri ambiri ankavomereza mfundo imodzi popanda kuifufuza. Mfundoyo idali yoti pamene munthu aona mtengo, chimene maganizo ake amakumana nacho si mtengo weniweniwo, koma chithunzi cha mtengowo chimene chili m'maganizo. George Berkeley, bishopu wa ku Ireland, adaitenga mfundoyo nanena kuti ngati tidziwa zithunzi zokha, palibe chifukwa chokhulupirira kuti kuseri kwake kuli zinthu zogwirika. Reid adavomera poyera kuti pa unyamata wake adalandira chiphunzitso cha Berkeley chonse. Kenaka mu 1739 Hume, katswiri wa filosofi wa ku Scotland, adatulutsa A Treatise of Human Nature, m'mene adayenda njira yomweyo mpaka kumapeto kwake. Iye adati tikayang'ana mkati mwathu sitipezamo munthu wokhazikika koma maganizo ndi zomva zotsatizana, ndiponso kuti sitionapo chinthu chikuchititsa chinzake, timangoona china chikutsatira china mpaka tizolowere.

Reid adawerenga bukuli ali ku New Machar, ndipo chimene adachita ndicho chimamusiyanitsa ndi abusa ena a nthawi yake. Sadanene kuti Hume walakwitsa polongosola mfundo zake. Adavomera kuti walongosola bwino, ndipo adati ngati njira yolongosoka yatifikitsa pamalo pamene palibe munthu wamoyo angakhale, ndiye kuti cholakwika chili poyambira. Adafunsa kuti zithunzi za m'maganizozo adaziona ndani, ndipo umboni woti zilipo uli kuti. Sadaupeze. Pamenepo adayamba kufufuza njira zisanu zimene thupi limadziwira zinthu, imodziimodzi, kuyambira kununkhiza, kulawa, kumva, kukhudza, mpaka kuona, kumene kudatenga gawo lalikulu la buku lake.

Chitsanzo chake cha kukhudza n'chosavuta kuyesa. Kanikizani dzanja lanu pa tebulo. Pali chimene mukumva m'dzanjamo, ndipo pali kulimba kwa tebulolo, kutanthauza kugwirana kwa zigawo zake kosalola kuphwanyika. Zinthu ziwirizi sizifanana m'pang'ono pomwe, komabe mukangomva choyambacho maganizo anu amalumphira pa chachiwiri, ndipo mumakhulupirira nthawi yomweyo kuti pali chinthu cholimba kunja kwa inu. Simudafike pa chikhulupiriro chimenecho mwa kuwerengetsa mfundo, ndipo palibe amene adakuphunzitsani. Reid adati chimene timamvacho ndi chizindikiro chachibadwa, ndipo tidapangidwa mwakuti tizichiwerenga popanda kulingalira.

Wokayika angayankhe kuti chibadwa chingathe kutinamiza, choncho tiyenera kukhulupirira zokhazo zimene nzeru zolingalira zatsimikiza. Yankho la Reid pamenepa ndilo lamphamvu kuposa onse amene adapereka. Adafunsa chifukwa chimene tiyenera kudalira nzeru zolingalira koma osadalira maso ndi chikumbukiro cha zakale, pamene zonsezi zidachokera m'sitolo imodzi ndipo adazipanga mmisiri mmodzi. Ngati mmisiriyo adatigulitsa katundu mmodzi wachinyengo, chingamuletse n'chiyani kutigulitsa winanso? Munthu amene afuna umboni woti maso ake ndi odalirika adzagwiritsa ntchito maso omwewo kapena mphamvu ina ya m'maganizo imene nayonso ilibe umboni. Choncho kudalira kumayamba, kufufuza n'kumabwera pambuyo. Reid adaonjezera mwanthabwala kuti iye atati asiye kukhulupirira maso ake, angaswe mphuno pa mtengo, n'kugwera m'ngalande yonyansa, ndipo akachita zanzeru zoterozo kangapo anthu angamutengere kosungira amisala.

Mfundo yomweyi adaigwiritsa ntchito pa umboni wa anthu ena. Adati mwa munthu muli chibadwa cholankhula zoona ndi chibadwa china chokhulupirira zimene wauzidwa, ndipo ngakhale wabodza wamkulu amalankhula zoona kambirimbiri pa bodza lililonse limene wanena. Mwana akadati adikire umboni asadakhulupirire amayi ake, sakadaphunzira ngakhale kulankhula. Chibadwa chokhulupirirachi chimakhala champhamvu kwambiri paubwana, ndipo zimene munthu amakumana nazo m'moyo zimachichepetsa pang'onopang'ono mpaka aphunzire kusankha woti amukhulupirire.

Za udani, padalibe. Buku lisadasindikizidwe, Reid adatumiza zigawo zake kwa Hume kudzera mwa Hugh Blair, mbusa wa ku Edinburgh amene adali bwenzi la onse awiri. Poyamba Hume adanyinyirika, nanena kuti akadakonda abusa akadapitiriza ntchito yawo yakale yovutitsana okhaokha n'kusiyira akatswiri a filosofi kukambirana mwaulemu. Koma atawerenga adalembera Reid kalata yaulemu mu 1763. Reid poyankha adadzitcha wophunzira wa Hume pa nkhani zozamazi, ndipo adamuuza za kagulu ka akatswiri a maphunziro ka ku Aberdeen kamene iye ndi anzake monga John Gregory ndi George Campbell adayambitsa mu 1758. Adati ngakhale onse m'kagulumo adali Akhristu abwino, akadasangalala kucheza ndi Hume kuposa ndi Athanasius Woyera, bishopu wakale wotchuka poteteza chiphunzitso cha mpingo, ndipo popeza sakadatha kukhala naye pa mpando woweruza, ankamuimika pa bwalo la mlandu kawirikawiri kuposa munthu wina aliyense. Kwa ine kalata imeneyi imaonetsa munthuyo bwino kuposa mbiri zonse zimene zidalembedwa za iye.

FUNSO: Pepani a Mkonzi, koma ine ndikuona ngati Reid ankangothawa mafunso ovuta. Ngati chimene anthu onse amakhulupirira ndicho choona, ndiye kuti makolo athu ndi azungu akale omwe sadalakwe ponena kuti dzuwa limazungulira dziko. Kodi si kungodalitsa umbuli kumeneku? (Wowerenga, Johannesburg)

YANKHO: Simuli nokha pa dandaulo limeneli. Joseph Priestley adalemba buku lathunthu mu 1774 lodzudzula Reid ndi anzake awiri, James Beattie ndi James Oswald, ndipo Immanuel Kant mu 1783 adawanena atatuwa kuti adaphonya funso la Hume n'kuthawira ku chiweruzo cha khamu la anthu. Chidzudzulo chimenechi chimamuyenera Beattie, amene buku lake la 1770 lidali lodzaza ndi ukali ndipo lidamupezera ndalama za chaka ndi chaka kuchokera kwa Mfumu George III. Koma kwa Reid sichikwanira bwino.

Reid sadanene kuti chilichonse chimene anthu ambiri amakhulupirira n'choona. Ankanena za mfundo zochepa zapansi penipeni zimene munthu sangachite chilichonse popanda kuzidalira, monga zoti zinthu zimene ndikuona bwinobwino zilipodi, zimene ndikukumbuka bwinobwino zidachitikadi, ine wa lero ndine yemwe uja wa dzulo, anthu amene ndikulankhula nawo ali ndi maganizo, ndipo ndili ndi mphamvu ina pa zochita zanga. Adaperekanso njira zoyesera mfundo zotere. Zimapezeka mwa anthu a mitundu yonse ndi nthawi zonse, zimaonekera m'kapangidwe ka zilankhulo zonse, zimayamba munthu akadali wamng'ono maphunziro asadamufike, ndipo amene amazikana ndi pakamwa amazitsatirabe m'zochita. Nkhani ya dzuwa siipambana mayeso amenewa. Munthu angathe kuisiya n'kupitiriza moyo wake bwinobwino, ndipo amene adaikonza adatero pogwiritsa ntchito maso, chikumbukiro ndi umboni wa anzawo, zomwezo zimene Reid ankateteza. Iye mwini adali wotsatira Isaac Newton ndi mtima wonse, ndipo m'buku lake la 1785 muli mutu wofotokoza njira zimene anthu amasocherera poweruza, kuphatikizapo kulemekeza mopambanitsa zonena za akuluakulu.

Komabe pali pamene ndikugwirizana nanu. Mndandanda wake wa mfundo zoyambirira ndi wautali, ndipo zina mwa izo zikuoneka ngati maganizo a pulofesa wa Chipresibiteriya wa m'zaka za m'ma 1700 kuposa chibadwa cha anthu onse. Malire a pakati pa chibadwa ndi chizolowezi ndi ovuta kuwajambula kuposa mmene iye ankaganizira, ndipo anthu aulesi m'mibadwo yotsatira adagwiritsa ntchito dzina lake potseka mikangano imene iye akadaitsegula.

FUNSO: Pa mayeso athu padabwera funso la "msilikali wolimba mtima wa Reid" ndipo ambiri tidalephera. Tithandizeni. (Wophunzira, Mzuzu)

YANKHO: John Locke adaphunzitsa kuti munthu ndi yemweyo wa kale ngati akukumbuka zimene adachita kalelo. Reid adapereka chitsanzo ichi. Mnyamata wina akwapulidwa kusukulu chifukwa choba zipatso. Atakula akhala msilikali, ndipo pa nkhondo yake yoyamba alanda mbendera ya adani, apa n'kuti akukumbukabe kukwapulidwa kuja. Atakalamba akhala mkulu wa asilikali, ndipo akukumbuka za mbendera koma za kukwapulidwa waiwaliratu. Potsata Locke, msilikali ndiye mnyamata uja, ndipo mkulu wa asilikali ndiye msilikali uja, choncho mkuluyo ayenera kukhala mnyamata uja. Koma potsata Locke yemweyo, mkuluyo si mnyamata uja chifukwa sakukumbuka. Chiphunzitso chimene chikupereka mayankho awiri otsutsana pa funso limodzi chili ndi vuto. Reid adati kukumbuka ndi umboni woti ndidachita chinthu, koma si kukumbukako kumene kumandichititsa kukhala amene adachichita.

FUNSO: Kodi moyo wake udatha bwanji, ndipo munthu wofuna kumuwerenga ayambire pati? (Mayi wopuma pa ntchito, Lilongwe)

YANKHO: Mayi, Reid adasiya kuphunzitsa m'kalasi mu 1780 ali ndi zaka 70, makutu atayamba kugontha, ndipo ntchitoyo adaisiyira womuthandiza wake Archibald Arthur. Cholinga chake chidali choti asandutse maphunziro ake kukhala mabuku nthawi ikadalipo. Essays on the Intellectual Powers of Man lidatuluka mu 1785, ndipo Essays on the Active Powers of Man lidatsatira mu 1788. M'buku lachiwirili adateteza ufulu wa munthu wosankha chochita, ponena kuti kulonjeza, kusinkhasinkha musadachite kanthu ndi kudzudzula wolakwa zonse zimataya tanthauzo ngati munthu alibe mphamvu pa chifuniro chake.

Kunyumba kwake kudali maliro ambiri. Mwa ana asanu ndi anayi amene adabereka, mmodzi yekha, Martha, ndiye adatsala wamoyo pamene bambo ake ankamwalira, ndipo ndiye adasamalira bambo akewo pamene mkazi wawo Elizabeth adamwalira mu 1792. Reid adamwalira ku Glasgow pa 7 Okutobala 1796 ali ndi zaka 86.

Chiphunzitso chake chidapita kutali. Ku Edinburgh adachipitiriza Dugald Stewart, ku France adachilandira Pierre Paul Royer-Collard ndi Victor Cousin, ndipo ku America chidalamulira m'makoleji ambiri ndi m'sukulu za ubusa za Chipresibiteriya, makamaka ku Princeton, kwa gawo lalikulu la zaka za m'ma 1800. Kenaka chidazilala, mpaka chakumapeto kwa zaka za m'ma 1900 pamene akatswiri monga Alvin Plantinga ndi Nicholas Wolterstorff adayambanso kumuwerenga mwachidwi pa funso loti chikhulupiriro chimakhala choyenera liti.

Poyambira pabwino ndi buku la 1764, chifukwa ndi lalifupi kuposa enawo ndipo muli nthabwala zimene zimachepa m'mabuku a ukalamba wake. Yambani ndi mutu woyamba ndi mutu wa kukhudza, ndipo gawo la masamu a zooneka limene lili m'mutu wa kuona mungathe kulidumpha ulendo woyamba. Mabuku ake onse ndi akale mokwanira moti amapezeka aulere pa intaneti. Mukapeza kope limene adasonkhanitsa William Hamilton mu 1846, werengani Reid yekha kaye, chifukwa ndemanga za Hamilton za m'munsi mwa masamba n'zambiri ndipo kawirikawiri zimakankhira wowerenga ku maganizo a Hamilton mwini.